Nkhope yake ndiyo imagulitsa filimu, koma filimuyo si yake: ntchito ya amayi osewera m'mafilimu otchipa okopa anthu

Aliyense amene anakulira ku Chinamwali, ku Matawale kapena ku Mpondabwino nthawi imene video show inali pachimake amazikumbukira zikuto za makaseti zimene ankamata pakhomo. Mayi wanyamula mfuti, malaya ang'ambika paphewa, kumbuyo kwake galimoto ikuyaka moto. Pachikuto china mayi ali m'ndende, pena akuthawa chigawenga chonyamula chikwanje. Anthu ankalipira makobidi awo n'kulowa, koma zambiri zomwe zinali pachikutozo mufilimu munalibe, kapena zinkangooneka kamphindi kochepa. Lero zithunzi zamtundu womwewo zasamukira pa YouTube ndi pa Facebook, ndipo mafilimu akale aja akuzungulirabe pa mamemory card, ena atamasuliridwa m'Chichewa ndi ma DJ.

Pa amayi osewera m'mafilimu amenewa pali maganizo awiri amene amamveka kawirikawiri. Ena amangoti onsewo ndi mafilimu olaula, ndipo mkazi wooneka m'menemo ndi wotayika. Ena amakhulupirira kuti aliyense amene nkhope yake yafika mpaka ku Songani kuchokera ku America ndiye kuti akusambira m'ndalama. Maganizo onse awiriwa akuphonya chenicheni, ndipo kuti timvetse moyo wa amayiwa tiyenera kuyamba ndi momwe malonda ake ankayendera.

Ndi mafilimu otani amenewa?

Ku America ndi ku Ulaya amawatchula kuti exploitation films. Awa ndi mafilimu opangidwa mothamanga, ndi ndalama zochepa, amene amadalira chinthu chimodzi chokoka maso kuti anthu agule tikiti: magazi, ndewu, thupi la mkazi, mankhwala ozunguza bongo, kapena nkhani ina iliyonse imene ikuwaopsa anthu pa nthawiyo. Amasiyana ndi mafilimu olaula. Ali ndi nkhani, amaonetsedwa m'nyumba za kanema zovomerezeka, ndipo ambiri ndi a nkhonya kapena oopsa chabe, ngakhale kuti ena amakhala ndi zithunzi za anthu ovula.

Chiyambi chake chili pa lamulo. Kuyambira 1934 makampani akuluakulu a ku Hollywood ankatsatira mwamphamvu malamulo awo otchedwa Hays Code, amene ankaletsa kuonetsa maliseche, nkhani za chiwerewere, mankhwala osokoneza bongo ndi zina zotere. Amalonda ang'onoang'ono amene sanali m'gulu la makampaniwo anaona mpata. Ankapanga filimu ya zoletsedwazo n'kuiveka chovala cha maphunziro. Wodziwika kwambiri pa zimenezi anali Kroger Babb, amene mu 1945 anayamba kuzungulira matauni ndi filimu yonena za mtsikana wotenga mimba asanakwatiwe. Amuna ankaonera paokha, akazi paokha, ndipo pakati pa filimu pankaimirira munthu wodzitcha mphunzitsi wa zaumoyo n'kumagulitsa timabuku. Filimuyo inali yosakoma, koma anthu ankaima pamzere chifukwa ankamva kuti m'katimo muli zosaoneka kwina.

Posita kaye, nkhani pambuyo

Cha m'ma 1950 msika unakula. Ku America kunali malo oposa 4,000 oonerako kanema panja anthu ali m'magalimoto awo, ndipo ambiri odzaza malowo anali achinyamata. M'mizinda munalinso nyumba za kanema zakutha, monga za mumsewu wa 42nd Street ku New York, zimene zinkaonetsa mafilimu awiri kapena atatu pa tikiti imodzi usana ndi usiku. Malo onsewa ankafuna katundu watsopano sabata ndi sabata.

Kampani ya American International Pictures, imene James Nicholson ndi Samuel Arkoff anayambitsa mu 1954, ndi imene inadziwa bwino kudyetsa msika umenewu. Nthawi zambiri ankayamba ndi dzina la filimu ndi posita, n'kukaonetsa eni nyumba za kanema. Eni nyumbawo akakopeka, m'pamene ankalemba munthu woti alembe nkhani yogwirizana ndi positayo. Roger Corman, wotsogolera ndi wopanga mafilimu amene anagwira nawo ntchito kwa zaka zambiri asanatsegule kampani yake ya New World Pictures mu 1970, ankatha kujambula filimu yonse m'masiku osakwana khumi. Bamboyu anamwalira mu 2024 ali ndi zaka 98.

Apa m'pamene pagona moyo wonse wa mkazi wosewera m'mafilimuwa. Popeza filimu inkagulitsidwa ndi posita, ndipo pa posita pankafunika mkazi, iye ndiye anali chikoka cha malonda onse. Koma ankafunika ngati chithunzi, osati ngati munthu wa luso lakutilakuti. Akadandaula za malipiro, panali atsikana ena ambirimbiri amene akanatha kuima pa posita yomweyo mawa lake.

Njira ya Pam Grier

Palibe chitsanzo chomveka bwino kuposa cha Pam Grier, mayi wachikuda wobadwa mu 1949 ku North Carolina. Atafika ku Los Angeles sanayambe ndi kusewera. Anali wolandira mafoni pa ofesi ya American International Pictures. Wotsogolera mafilimu wina, Jack Hill, anamupatsa malo m'mafilimu onena za akazi a m'ndende, amene ankajambulidwa ku Philippines n'kutuluka mu 1971 ndi 1972. Ankapita kutali choncho chifukwa kumeneko antchito anali otchipa, nkhalango yojambuliramo inali yaulere, ndipo malamulo oteteza osewera sankawafika. Atsikana ankagwira ntchito m'matope ndi m'kutentha, ndewu zambiri akumenya okha popanda wina wowalowera m'malo pa zoopsa.

Mu 1973 Grier anatsogolera filimu ya Coffy, m'mene anali namwino wofunafuna ogulitsa mankhwala osokoneza bongo amene anaononga mng'ono wake. Chaka chotsatira kunabwera Foxy Brown. Kwa anthu akuda a ku America chinali chinthu chachilendo kuona mkazi wa khungu lawo ali mwini nkhani, osati wantchito wa m'nyumba ya mzungu kapena chibwenzi cha ngwazi. Nyumba za kanema zinkadzaza. Komabe mafilimu omwewo ankamuvula malaya mobwerezabwereza, ndipo atsogoleri ena a anthu akuda anakwiya nawo. Junius Griffin wa bungwe lomenyera ufulu la NAACP ndiye anapeka dzina loti blaxploitation mu 1972, podandaula kuti mafilimu otere akuonetsa anthu akuda ngati zigawenga ndi mahule okhaokha.

Chimene chinachitika kenako n'chofunika kuchiona bwino. Pofika kumapeto kwa zaka za m'ma 1970 makampani anaona kuti mafilimu amtunduwu sakubweretsanso ndalama monga kale, ndipo anangowasiya. Grier anali asanakwanitse n'komwe zaka 30, wodziwika dziko lonse, koma malo otsogolera filimu anasowa. Kwa zaka pafupifupi 20 ankasewera timbali ting'onoting'ono m'mafilimu, pa wailesi ya kanema ndi m'zisudzo za pa nsanja. Anabwereranso pamwamba mu 1997, ali ndi zaka 48, pamene wotsogolera mafilimu Quentin Tarantino, amene anakula akuonera mafilimu ake, anamulembera malo otsogolera mu Jackie Brown. Luso anali nalo nthawi yonseyi. Chimene chinasowa ndi munthu wa ndalama wofuna kuligwiritsa ntchito. Ine ndimaona kuti zaka 20 zimenezo ndi zimene zimatiuza zoona za ntchitoyi kuposa kubwerera kwake, chifukwa anzake ambiri amene anali naye m'matope a ku Philippines sanapezenso mwayi wachiwiri.

Ndalama zimapita kuti?

Wosewera mufilimu yotchipa ali ngati waganyu. Amalima mizere yake, amalandira zake madzulo, ndipo chimanga chikacha, kaya chadzaza nkhokwe zitatu, ndi cha mwini munda. Filimu ikatuluka, ndalama za matikiti zimayamba zadyedwa ndi mwini nyumba ya kanema. Zotsala zimapita kwa kampani yofalitsa filimuyo, imene imachotsapo gawo lake ndi zonse zimene ikunena kuti yaononga potsatsa malonda. Kenako amabwezeredwa amene anaika ndalama zojambulira. Wosewera amene analonjezedwa gawo la phindu amakhala kumapeto kwenikweni kwa mzere, ndipo mabuku a ndalama sawaona.

Zimenezi zinaoneka poyera pa filimu yoopsa ya The Texas Chain Saw Massacre, imene inajambulidwa mu 1973 pafupi ndi mzinda wa Austin ndi ndalama zosapitirira madola 140,000. Popeza ndalama zinali zochepa, osewera ndi ojambula ambiri anavomera kulandira pang'ono, zina adzapeze filimu ikagulitsidwa. Sanadziwe bwino kuti gawo limene analonjezedwa linali la kampani imene inali ndi theka lokha la filimuyo. Itatuluka mu 1974 inapanga madola oposa 30 miliyoni ku America. Koma onse oyenera kudya poyamba atadya, panatsala madola 8,100 oti anthu 20 agawane. Kampani yofalitsa, ya Bryanston, inatengeredwa kukhoti, koma inagwa isanalipire.

Mmodzi mwa anthu 20 amenewo anali Marilyn Burns, amene nkhope yake yodzaza magazi ndi kukuwa kwake ndi zimene anthu amakumbukira mufilimuyo. Iye anathamanga m'tchire usiku mpaka kudzicheka ndi minga. Mbali ina ya pa tebulo la chakudya anaijambula kwa maola oposa 24 m'nyumba yotseka mazenera, kunja kukutentha koopsa, nyama zimene anayala patebulo zikuola. Kachipangizo kotulutsa magazi abodza katakanika, mnzake wosewera naye anamucheka chala chenicheni ndi mpeni, ndipo mnzakeyo anadzaulula yekha zimenezi patapita zaka. Burns anaonekanso m'mafilimu ochepa chabe mpaka imfa yake mu 2014.

Tiyerekeze ndi Jamie Lee Curtis. Iye analandira madola 8,000 pa filimu ya Halloween ya mu 1978, ali ndi zaka 19. Filimuyo inadya madola pafupifupi 300,000 ndipo inabweza mamiliyoni makumimakumi. Nayenso ndalama zambirizo sizinali zake. Koma Curtis anali mwana wa osewera otchuka, Janet Leigh ndi Tony Curtis, ndipo atasewera mafilimu oopsa angapo anatha kuwolokera ku mafilimu a nthabwala a makampani akuluakulu. Mu 2023 analandira mphoto ya Oscar. Anthu akamanena kuti mafilimu otchipa ndi khomo lolowera ku ulemerero amatchula iyeyu. Khomolo lilipodi, koma amene anadutsapo ndi owerengeka, ndipo kawirikawiri anali ndi wina wowagwira dzanja kutsidya.

Nkhani ya kuvula

Pa ngozi zonse, imene inkatsata mkazi moyo wake wonse ndi ya kuvula. Kale zambiri zinkangogwirizanidwa pakamwa. Mtsikana ankafika pamalo ojambulira, kutali ndi kwawo, anthu onse akumudikira, dzuwa likupita, n'kuuzidwa kuti mbali yotsatira ikufuna avule. Kukana kunkatanthauza kutchedwa wovuta ndi kusaitanidwanso. Ndipo chithunzi chikajambulidwa chinali cha mwini filimu, amene ankatha kuchiika pa posita, kuchigulitsa kunja, kapena kuchiphatikiza mufilimu ina.

Masiku ano bungwe la osewera la ku America, SAG-AFTRA, limafuna kuti mbali iliyonse yotere ilembedwe papepala lapadera lofotokoza chimene chidzaoneke, ndipo wosewera alilandire kutatsala maola 48 kuti ajambule. Kuyambira cha mu 2018 kwafalanso ntchito ya munthu woima pakati pa wosewera ndi wotsogolera filimu pojambula mbali zachikondi. Koma malamulowa amagwira pa mafilimu amene asayina mgwirizano ndi bungweli. Opanga mafilimu otchipa ambiri amalizemba dala.

Kaseti itabwera

Cha m'ma 1980 nyumba za kanema zakutha zija zinayamba kutsekedwa ndipo msika unasamukira pa kaseti ya VHS. Mafilimu ambiri sankapitanso ku nyumba za kanema, ankangolunjika ku mashopu obwereketsa makaseti. Ku Britain boma linachita mantha ndi ena mwa makasetiwa mpaka linakhazikitsa lamulo lowaunika mu 1984. Kaseti ndiyo njira imene mafilimuwa anafikira kwathu kuno, kumene wailesi ya kanema ya dziko lino inadzayamba mu 1999, ndipo video show ndiyo inali kanema wa anthu wamba.

Okonda mafilimu a karate a nthawi imeneyo amamukumbukira Cynthia Rothrock, mzungu wa tsitsi loyera amene ankagwetsa amuna ndi mateche. Iyeyu anali katswiri weniweni wa masewerawa asanalowe mufilimu, ndipo anayambira ku Hong Kong mu 1985, mufilimu imene anasewera limodzi ndi Michelle Yeoh. Yeoh anapitirira mpaka kulandira Oscar mu 2023. Rothrock anabwerera ku America n'kukhala mfumukazi ya mafilimu a pa kaseti, wodziwika m'mavideo show a mu Africa ndi Asia kuposa m'nyumba zikuluzikulu za kanema za kwawo. Makaseti ambiri amene ankafika kuno anali okopera, choncho pa makobidi onse amene ankaperekedwa pakhomo, palibe tambala imene inkabwerera kwa iye kapena kwa amene anapanga filimuyo.

Ambiri mwa amayiwa ntchito yawo inkatha m'zaka zochepa. Msika unkafuna nkhope zatsopano, ndipo makampani akuluakulu sankafuna munthu amene dzina lake lamatirira ku mafilimu a magazi ndi ovula. Ena anasintha ntchito m'kati momwemo: Laura Gemser, wobadwira ku Indonesia, amene anatchuka m'mafilimu a ku Italy a m'ma 1970, anadzakhala wokonza zovala za osewera asanachoke pamaso pa anthu. Ena lero amapeza kangachepe pa misonkhano ya okonda mafilimu akale, kumene amagulitsa zithunzi zawo atazisayina.

Anadyeredwa masuku pamutu, kapena anapeza mwayi?

Akatswiri a mafilimu sagwirizana pa funso limeneli, ndipo amayi enieniwo sagwirizananso. Mbali ina imati mafilimuwa ankapangidwa ndi amuna kuti asangalatse amuna, mkazi ankazunzidwa pa kanema kuti anthu agule tikiti, ndipo ndalama zinkathera m'matumba a ena. Mbali inayo imati pa nthawi imene Hollywood inkapatsa akazi malo a mkazi wapanyumba kapena mlembi wa mu ofesi, mafilimu otchipa ndi amene ankalola mkazi kuyendetsa nkhani, kumenya, kubwezera ndi kupulumuka. Grier mwiniwake wakhala akulankhula monyadira za mafilimu ake, ndipo mu 1975 anaoneka pachikuto cha magazini yomenyera ufulu wa amayi ya Ms.

Kumbuyo kwa kamera nako nkhani ili pawiri. Kwa Corman kunadutsa anyamata amene anadzakhala akuluakulu a Hollywood, monga Francis Ford Coppola, Martin Scorsese ndi James Cameron. Kunadutsanso Gale Anne Hurd, amene anayamba ngati womuthandiza mu ofesi n'kudzakhala mmodzi mwa opanga mafilimu amphamvu kwambiri. Koma Stephanie Rothman, amene anatsogolera imodzi mwa mafilimu oyamba a New World Pictures mu 1970 ndipo inapindula bwino, sanapatsidwe mwayi ndi makampani akuluakulu, mpaka anaisiya ntchitoyo.

Nanga kuno kwathu?

Malawi alibe msika wa mafilimu ngati umenewu, ndipo mbiri yathu ndi ina. Lamulo lounika mafilimu ndi zisangalalo la mu 1968 linkaduladula ngakhale mafilimu akunja, ndipo mpaka 1993 mkazi sankaloledwa kuvala buluku kapena siketi yaifupi pagulu. Mafilimu athu amene atchuka kunja, monga a Shemu Joyah ndi Joyce Mhango Chavula, si amtundu umenewu ayi. Kuno ku Zomba zisudzo zili ndi mizu yakuya chifukwa cha University of Malawi, imene kale inkatchedwa Chancellor College, kumene achinyamata akhala akuphunzira luso limeneli kwa zaka zambiri.

Komabe kayendedwe ka malonda kaja kafika. Pa YouTube, Facebook ndi TikTok, kachithunzi koyamba ndi mutu wa kanema ndi zimene zimachititsa munthu kudina, monga momwe posita inkachitira. Wojambula amene ali ndi foni yabwino ndi ndalama zochepa amadziwa kuti mtsikana wovala mothina, kapena mutu wonena za chigololo ndi ufiti, ubweretsa oonera ambiri kuposa nkhani yolembedwa bwino. Tsamba ndi la wojambulayo, ndiye ngati pali ndalama za otsatsa malonda zimalowa kwa iye chaka ndi chaka, pamene mtsikanayo mwina anangopatsidwa ya thiransipoti ndi lonjezo loti atchuka. Kusiyana kwake n'kwakuti Marilyn Burns ankatha kuyenda m'tauni anthu osamuzindikira, koma mtsikana wa ku Chikanda amaonedwa ndi azakhali ake, abusa ake ndi aphunzitsi ake tsiku lomwelo, ndipo kanemayo akafalikira pa WhatsApp palibe angamubweze.

Malamulo oti n'kugwirapo alipo. Lamulo la umwini wa zaluso la mu 2016 limazindikira ufulu wa osewera pa ntchito yawo, ndipo bungwe la COSOMA, limene linakhazikitsidwa mu 1992, ndilo limayang'anira za umwiniwu. Lamulo la za pa intaneti la mu 2016 limakhudza kufalitsa zolaula ndi kuzunza anthu pa makina, pomwe lamulo lothana ndi kuzembetsa anthu la mu 2015 limakhudza amene amanyengerera atsikana ndi ntchito zabodza. Koma mkangano ukabuka pakati pa wosewera ndi mwini filimu, chimene chimafunsidwa poyamba ndi pepala la mgwirizano: analonjezana ndalama zingati ndipo zilipidwa liti, mbali ziti wosewera anavomera ndi ziti anakana, kanemayo adzaonetsedwa kuti, ndipo ngati pali gawo la phindu, ndi gawo la ndalama ziti, zowerengedwa ndi ndani. Wosewera wosakwana zaka 18 ndi mwana pamaso pa malamulo a dziko lino, choncho mgwirizano wake umafuna kholo kapena womuyang'anira.